Mafunso a Owerenga: Félix Leclerc, Woyimba wa Gitala Imodzi wa ku Québec

Makalata a mwezi uno ambiri akufunsa za munthu mmodzi, Félix Leclerc, wopeka nyimbo, mlembi komanso wazisudzo wa ku Canada amene anamwalira mu 1988. Ena mwa otilemberawa ndi aphunzitsi a Chifalansa, ena ndi oyimba gitala. Mafunso ena tawafupikitsa kuti malo akwane.

Akonzi, ndimaphunzitsa Chifalansa kusekondale. Ana anakumana ndi dzina la Félix Leclerc n'kundifunsa kuti, ngati anali wa ku Canada, bwanji sankayimba m'Chingerezi? Anali ndani, ndipo dzinali timalitchula bwanji? (Mphunzitsi, Dedza)

Aphunzitsi, tiyambe ndi katchulidwe. Dzina loyamba nenani "Feliks". Lachiwiri nenani "Lekler", chifukwa c wakumapetoyo samveka. Québec ndi "Kebek".

Chifalansa chinazika mizu m'chigawo chimenechi Angerezi asanachilamulire. Mu 1608 Samuel de Champlain anakhazikitsa mzinda wa Québec m'mphepete mwa mtsinje wa Saint-Laurent, ndipo alimi ochokera ku France anamanga midzi m'mbali zonse ziwiri za mtsinjewo. Mu 1759 asilikali a Britain anagonjetsa a France pabwalo lotchedwa Plaines d'Abraham, ndipo pangano la mu 1763 linaika dzikolo m'manja mwa Angerezi. Mbendera inasintha, koma anthu anakhalabe m'minda yawo, akulankhula chilankhulo chawo ndi kupemphera mu mpingo wawo wa Katolika. Lero m'chigawochi muli anthu oposa 8 miliyoni ndipo ambiri anayamwira Chifalansa. Ana anu akhoza kumvetsa msanga mukawauza kuti Bambo Claude Boucher, amene anayambitsa malo a zachikhalidwe a Kungoni ku Mua, m'boma lanu lomwelo, anabadwira ku Montréal. Ndi anthu amodzimodziwa.

Leclerc anabadwa pa 2 Ogasiti 1914 ku La Tuque, tauni ya odula mitengo m'mphepete mwa mtsinje wa Saint-Maurice. Anali wachisanu ndi chimodzi m'banja la ana 11. Kumeneko amuna ankagwetsa mitengo m'nyengo ya chisanu, ndipo madzi oundana akasungunuka ankaigubuduzira mumtsinje n'kumaiperekeza mpaka kumafakitale a mapepala, akudumpha kuchoka pachipika china kukatera pa china, ndodo yachingowe ili m'manja. Munthu akaterereka n'kugwera pakati pa zipikazo, nthawi zambiri sankatulukanso. Mwana wokulira pakati pa amuna otere sakanalemba za nyumba zachifumu. Analemba za nsapato zakutha, sitima yapamtunda, dzinja lalitali ndi munthu wosauka amene amadziona ngati mfumu m'maloto ake.

Anapita kukaphunzira ku Ottawa, koma mavuto azachuma a zaka za m'ma 1930 anamubweza. Anasiya sukulu mu 1933 n'kukalima. Mu 1934 anapeza ntchito youlutsa mawu pawailesi mumzinda wa Québec, ndipo ndi kumeneko kumene anaphunzira gitala kwa Victor Angelillo n'kupeka nyimbo yake yoyamba, Notre sentier. Mu 1937 anasamukira kuwailesi ya ku Trois-Rivières, kenako mu 1939 analowa ku Radio-Canada mumzinda wa Montréal.

Ndimachita zisudzo ndi gulu la achinyamata. Mwati anali wazisudzo, nanga anasewera chiyani? Kodi luso la zisudzo limamuthandiza chiyani woyimba? (Wazisudzo, Mzuzu)

Achimwene, funso lanu lakhudza pamtima penipeni pa nkhaniyi. Leclerc anakhala zaka zoposa khumi ali wolemba ndi wosewera asanatchuke ngati woyimba, ndipo amene saziwerengera zakazo sangamvetse nyimbo zake.

Ku Radio-Canada ankalemba masewero apawailesi ndipo ankaseweranso m'masewero a anthu ena, kuphatikizapo Un homme et son péché la Claude-Henri Grignon, lofotokoza za munthu waumbombo, limene linakhala pawailesi kuyambira 1939 mpaka 1962. M'zaka za nkhondo analinso m'gulu la zisudzo la Compagnons de Saint-Laurent, lomwe anayambitsa wansembe Émile Legault. Zimene analembera wailesi zinatuluka m'mabuku atatu, Adagio mu 1943, kenako Allegro ndi Andante mu 1944. Mu 1948 iye ndi Guy Mauffette ndi Yves Vien anayambitsa gulu lawolawo n'kuonetsa sewero lake, Le p'tit bonheur. Nyimbo zake zambiri zoyambirira zinabadwira m'masewero oterewa. Zinali zotsekera mpata pamene anzake akusintha zovala kapena kusuntha mipando kuseri.

M'mafilimu anaonekamo pang'ono. Bungwe la boma lopanga mafilimu la Office national du film linamugwiritsa ntchito mu La drave ya 1957, yoonetsa operekeza mitengo mumtsinje aja, ndi mu Les brûlés ya 1959, yokamba za mabanja amene anatumizidwa kukatsegula minda kunkhalango za Abitibi nthawi ya umphawi.

Tsopano zimene wailesi imamuphunzitsa munthu. Masiku amenewo sewero linkapita kwa omvera nthawi yomweyo pamene likuchitika, popanda kubwereza. Womvera sakuonani nkhope, ndiye zonse ziyenera kukhala m'mawu. Wosewera amaima pafupifupi masentimita 20 kapena 30 kuchokera pamaikolofoni. Akafuna kuti amveke ngati akulowa pakhomo, amayamba kulankhula ali patali n'kumayandikira. Akafuna kufuula amatembenuzira nkhope kumbali, apo ayi mawu amasweka. Mapepala a sewero samangidwa pamodzi: tsamba likatha amalitsetsereka mwakachetechete, chifukwa maikolofoni imatola phokoso la pepala kuposa mawu a munthu. Wolemba naye amawerengera nthawi. Munthu wolankhula bwinobwino amatha mawu pafupifupi 130 mpaka 150 pamphindi, ndiye sewero la mphindi 15 lokhala ndi nyimbo ndi kupumira silifuna mawu opitirira 2,000. Ukalemba ochuluka, osewera amathamanga, ndipo mzere womaliza, umene unayenera kumugwira womvera, umadulidwa ndi nthawi ya nkhani.

Mvetserani nyimbo ya Bozo mukukumbukira zimenezi. Muli munthu mmodzi, malo amodzi, chinthu chimodzi chimene akuchiyembekeza, ndipo vesi lililonse likusuntha nkhani pang'ono. Ndi sewero la mphindi zitatu. Liwu lililonse likumveka mpaka chilembo chomaliza, ndipo woyimbayo akudziwa pamene ayenera kukhala chete. Oyimba ambiri amaopa kachetechete, amakadzaza ndi gitala. Wazisudzo amadziwa kuti kachetechete kamagwira ntchito yofanana ndi mzere wolembedwa.

Tinenenso chilungamo. Masewero ake apasiteji sanafike pamene panafika nyimbo zake, ndipo olemba ndemanga m'nyuzipepala za ku Montréal ankamudzudzula kawirikawiri, zimene zinkamupweteka mtima. Maganizo athu ndi oti anthu ake apasiteji amalankhula mokoma koma amakangana pang'ono, pomwe sewero limakhala ndi moyo anthu awiri akamafuna zinthu zosiyana. M'nyimbo vuto limenelo limasanduka mphamvu, chifukwa wolankhula ndi mmodzi.

Ndamva kuti anatchuka kaye ku France asanatchuke kwawo. Zinatheka bwanji masiku amenewo kulibe intaneti? (Wophunzira, Zomba)

Zinatheka kudzera mwa munthu mmodzi wa khutu lakuthwa. Jacques Canetti anali wosankha oyimba ku kampani ya Polydor ku Paris, ndipo anali ndi kanyumba kake ka zisangalalo kotchedwa Les Trois Baudets. Mu 1950 anafika ku Montréal, anamva nyimbo ya Le train du nord, ndipo anamuitanitsa woyimbayo n'kumupatsa pangano la zaka zisanu. Mu Disembala chaka chomwecho Leclerc anakwera siteji ya ABC ku Paris, ali ndi zaka 36, akutsegulira gulu la Les Compagnons de la chanson. Pazikwangwani anamulemba kuti "le Canadien", kutanthauza munthu wa ku Canada.

Kuti mumve kulemera kwa usiku umenewo, dziwani kuti woyimba wa ku Paris wa nthawi imeneyo ankabwera atavala suti, kumbuyo kwake kuli gulu la zoyimbira kapena piyano, ndipo nthawi zambiri nyimbo ankachita kumulembera ena. Apa panatulukira mwamuna wamtali wovala ngati wakumudzi, n'kuponda phazi limodzi pampando, gitala pabondo, n'kuyamba kuyimba zake zokha ndi mawu a besi. Anthu anamulandira. Mu 1951 bungwe la Académie Charles-Cros linamupatsa mphoto yake yaikulu ya chimbale chifukwa cha Moi, mes souliers, nyimbo yokamba za nsapato zake. Anayimba miyezi yambiri ku Trois Baudets, anayendanso m'maiko ena, ndipo anabwerera kwawo mu 1953. Georges Brassens ndi Jacques Brel, amene Canetti anawakwezanso pambuyo pake, anadutsa pakhomo limene Leclerc anatsegula, la munthu mmodzi, gitala imodzi ndi mawu ake.

Pali mfundo ina yaluso imene imaiwalika. Mbale za nthawi imeneyo, zozungulira maulendo 78 pamphindi, zinkanyamula mphindi zitatu zokha kumbali iliyonse. Wopeka nyimbo analibe malo oyambira ndi gitala mphindi yathunthu kapena obwereza kolasi kasanu. Munthu wozolowera wotchi ya wailesi anali wokonzeka kale.

Kwawo, anthu omwewo amene ankamuona ngati wolemba timasewero tapawailesi anamulandira ngati ngwazi. Zimawawa kuti anachita kudikira chidindo cha Paris, koma phindu lake linagwera achinyamata. Cha kumapeto kwa zaka za m'ma 1950 kunabuka timalo tating'ono toyimbiramo totchedwa boîtes à chansons, monga La Butte à Mathieu ku Val-David, ndipo mu 1959 oyimba ena, mwa iwo Claude Léveillée, Jean-Pierre Ferland ndi Clémence DesRochers, anadzitcha Les Bozos potengera nyimbo yake ija.

Ndimayimba gitala kutchalitchi ndi kumaukwati. Ndayesa kutsatira nyimbo zake pa YouTube koma makodi anga sakugwirizana ndi zala zake. Ndikulakwitsa pati? Gitala yanga ndi ya nsambo zawaya. (Woyimba, Lilongwe)

Bambo, khutu lanu silikukunamizani. Leclerc ankayimba gitala ya nsambo za nayiloni ndipo ankaichuna motsika, ndi mafureti awiri kapena atatu, kuti igwirizane ndi mawu ake akuya. Zala zake zikaoneka ngati zagwira C, khutu limamva B-flat kapena A.

Kachunidwe ka masiku onse, kuyambira nsambo yaikulu, ndi E, A, D, G, B, E. Mukatsitsa ndi mafureti awiri zimakhala D, G, C, F, A, D. Mukatsitsa ndi atatu zimakhala C#, F#, B, E, G#, C#. Pa kachunidwe kachitatuka, kugwira G kumatulutsa E, kugwira C kumatulutsa A, kugwira D kumatulutsa B, ndipo Am amatulutsa F#m. Pulogalamu yochunira ya pafoni muyiike poti izitchula liwu lililonse limene yamva, chifukwa mukaisiya pa gitala wamba izingokukokerani ku E. Nsambo iliyonse muyitsitse kupitirira pang'ono liwu lomwe mukufuna, kenako mukwere nayo pang'onopang'ono mpaka ifike. Mukafika potsika, chochunira chimakhala cholefuka ndipo nsambo imatsikanso muli pakati pa nyimbo. Mukamaliza zonse zisanu ndi imodzi bwerezaninso kawiri, chifukwa khosi la gitala likapepukidwa, nsambo zoyamba zija zimasuntha.

Chimene chimavuta n'chakuti nsambo yolefuka imagwedezeka motambalala n'kumakhudza mafureti, ndiye mumamva kulira kwa zii pansi pa liwu lililonse. Pa gitala yawaya ngati yanuyo, gulani nsambo zonenepa, zoyambira pa 12 kapena 13, osati zopyapyala za 9 kapena 10. Pa gitala ya nayiloni funsani nsambo zolimba, zimene paketi yake imalembedwa high tension. Onaninso mpata wa pakati pa nsambo ndi fureti ya 12. Pa gitala ya nayiloni uzikhala pafupifupi mamilimita 4 kunsambo yaikulu ndi 3 kunsambo yaing'ono. Ukachepa, kafupa koyera kamene nsambo zimatsamirapo kakufunika kukwezedwa.

Chenjezo limodzi, chifukwa magitala ambiri afera pamenepa: musaike nsambo zawaya pa gitala yopangidwira nayiloni. Nsambo zisanu ndi imodzi za nayiloni zimakoka ndi mphamvu ya makilogalamu pafupifupi 40, pomwe zawaya zimakoka pafupifupi 70. Gitala ya nayiloni nthawi zambiri ilibe chitsulo m'khosi. Pakapita miyezi khosi limapindika, thabwa lapamwamba limatupa, ndipo kathabwa komangirira nsambo kamamatuka. Mukagula nsambo zatsopano za nayiloni, sinthani imodziimodzi, zitatu zazing'onozo muzipote kawiri kapena katatu pomanga kuti zisapulumuke, ndipo musazisinthe usiku woti mawa muli ndi ukwati. Nayiloni imatenga masiku angapo ikutambasuka.

Dzanja lamanja lisiye kukwapula. Chala chachikulu chizisamala nsambo zitatu zazikulu, cholozera chikhale pansambo yachitatu, chapakati pa yachiwiri, cha mphete pa yoyamba. Yambani ndi kawerengedwe ka katatu: chachikulu pa 1, zala zitatu pamodzi pa 2 ndi pa 3, kenako chachikulu chisamukire pansambo ina ya besi. Chitani zimenezi pa kodi imodzi mphindi khumi tsiku lililonse mpaka muzitha kulankhula ndi munthu dzanja likuyenda lokha. Pokhapo ndi pamene muyambe kuyimba. Ambiri amathamangira kuphatikiza ziwirizi, ndiye mawu amayamba kutsatira gitala, pomwe kwa Leclerc gitala ndiyo imadikira mawu. Amachedwa pamene liwu lalemera, amafulumira pamene nkhani yapepuka.

Komabe musatsitse gitala chifukwa choti iye anatero. Pezani liwu lotsikitsitsa la nyimboyo, muliyimbe. Ngati likutuluka ngati mpweya chabe, kiyi imeneyo si yanu. Bwererani ku kachunidwe wamba, kapena ikani kapo, zala zikhalebe momwemo.

Ndikufuna kujambula nyimbo zanga motero, mawu ndi gitala basi, koma ndikamvetsera gitala ikumeza mawu. (Mtsikana woyimba, Chipata)

Achemwali, maikolofoni yanu mwina yalunjika pabowo la gitala. Pamenepo pamatuluka besi yokhayokha. Ngati muli ndi maikolofoni imodzi, iikeni masentimita 30 mpaka 40 kutsogolo kwanu, molingana ndi chibwano, kenako muyikweze kapena kuyitsitsa mpaka mawu akhale pamwamba pa gitala. Ngati muli ndi ziwiri, ya gitala iloze pamene khosi likumanirana ndi thupi, ya mawu ikhale masentimita 15 mpaka 20 kuchokera pakamwa, ndipo ziwirizo zitalikirane, apo ayi mawu amamveka ngati akuchokera m'chitini. Chipinda cha simenti yokhayokha chimabweza mawu. Pachikani mabulangete awiri kumbuyo kwanu, yalani mphasa pansi. Ndipo gitala muyimbe mofatsa kuposa mmene mukuganizira.

Mnzanga wa ku Canada akuti Leclerc anali wandale wofuna kugawa dziko. Zoona? (Wowerenga, Johannesburg)

Sanaimepo pachisankho, koma m'zaka zake zomaliza anaima poyera kumbali ya ofuna kuti Québec idzilamulire. Chinamutembenuza ndi mwezi wa Okutobala 1970. Gulu la zigawenga la FLQ, lofuna kuti Québec idzilamulire, linaba kazembe wa zamalonda wa Britain, James Cross, pa 5, kenako nduna ya m'chigawocho, Pierre Laporte, pa 10. Pa 16 boma la Canada, lotsogozedwa ndi Pierre Trudeau, linagwiritsa ntchito lamulo la nthawi ya nkhondo, asilikali anadzaza m'misewu ya Montréal, ndipo anthu pafupifupi 500 anamangidwa popanda chikalata, mwa iwo woyimba Pauline Julien ndi mlakatuli Gérald Godin. Laporte anapezeka ataphedwa pa 17. Ambiri mwa omangidwawo anatulutsidwa popanda mlandu.

Chaka chomwecho Leclerc anali atakhazikika pachilumba cha Orléans, pafupi ndi mzinda wa Québec. Mu 1972 anatulutsa L'alouette en colère. Mbalame ya m'dzinalo ana onse olankhula Chifalansa amaidziwa kuchokera m'kanyimbo kakale kamasewera, momwe imasosoledwa nthenga imodziimodzi. Iye anaitembenuza kukhala mbalame yokwiya. Wolankhula m'nyimboyo ndi bambo amene akufotokoza mwana wake wolandidwa zonse, ndipo pomaliza mkwiyo wa mwanayo ukumulowa iye mwini. Luso la wazisudzo lija likuonekeranso apa. Sanalembe mfuu ya pamsonkhano, analemba munthu amene akusintha maganizo ife tikumva.

Pa 13 Ogasiti 1974, potsegulira chikondwerero cha achinyamata a maiko olankhula Chifalansa chotchedwa Superfrancofête, kumene kunabweranso achinyamata ochokera ku Africa, anayimba pamodzi ndi Gilles Vigneault ndi Robert Charlebois pamaso pa anthu oposa 100,000, pabwalo lomwe lija la Plaines d'Abraham. Chipani cha René Lévesque, chofuna kuti Québec idzilamulire, chinapambana chisankho cha m'chigawocho mu Novembala 1976, ndipo mu 1977 chinakhazikitsa lamulo la nambala 101 lolimbitsa Chifalansa kuntchito, kusukulu ndi pazikwangwani. Pa riferendamu ya 20 Meyi 1980, yokhudza kudzilamulira kwa Québec, Leclerc anali kumbali ya inde, koma pafupifupi anthu 60 pa 100 aliwonse anakana. Ya mu 1995, imene mbali ya ayi inapambana ndi mavoti ochepa kwambiri, sanaione. Mnzanuyo ali ndi ufulu wotsutsana naye pandale, ndipo anthu ambiri a ku Québec komweko amatsutsana naye, uku akuyimba nyimbo zake.

Kodi nyimbo za Chifalansa zimapikisana bwanji ndi za ku America, poti ndi oyandikana? (Muulutsi, Blantyre)

Sanazisiyire msika wokha. Bungwe loyang'anira mawailesi ku Canada, CRTC, limalamula kuti pawailesi ya Chifalansa, nyimbo zotchuka zokhala ndi mawu 65 pa 100 zilizonse za pamlungu zikhale za m'Chifalansa. Ataona kuti mawailesi ena akuzikankhira usiku anthu atagona, anawonjezera kuti kuyambira 6 koloko m'mawa mpaka 6 koloko madzulo, Lolemba mpaka Lachisanu, zisachepere 55 pa 100. Inu a pawailesi mukudziwa kuti gawo lachiwirili ndilo lili ndi mano. Kuwonjezera apo, bungwe la opanga nyimbo la ADISQ limapereka mphoto chaka ndi chaka kuyambira 1979, ndipo mphotozo zimatchedwa Félix. Mwini dzinalo anali moyo pamene zinkayamba.

Ndikufuna kumasulira nyimbo yake imodzi m'Chichewa n'kuijambula. Ndiyambire pati? (Wopeka nyimbo, Kasungu)

Yambani ndi chilolezo, musanawononge ndalama ku situdiyo. Canada inatalikitsa nthawi yoteteza ntchito za mlembi kuchoka pa zaka 50 kufika pa 70 chimwalirireni, kuyambira pa 30 Disembala 2022. Leclerc anamwalira mu 1988, ndiye kwawoko nyimbo zake n'zotetezedwa mpaka kutha kwa 2058. Kuyimba nyimbo monga ilili ndi nkhani ina. Kusintha mawu ake, ngakhale powamasulira, kumafuna chilolezo cholembedwa cha wosindikiza amene akuisunga m'malo mwa banja. Bungwe la SOCAN la ku Canada limatolera ndalama za nyimbo zikaulutsidwa, koma si limene limaloleza kumasulira. Phindu lake kwa inu n'lakuti m'kaundula wake mukhoza kupeza dzina la wosindikizayo. Pitaninso ku COSOMA akuuzeni mmene lamulo la kuno likukukhudzirani. Polemba kalata tumizani mawu anu a Chichewa, kumasulira kwake mzere ndi mzere m'Chifalansa kuti aone kuti simunapotoze tanthauzo, ndi kufotokoza kumene nyimboyo idzagulitsidwe. Mugwirizane papepala ngati womasulira adzalandirepo gawo, chifukwa sizichitika zokha. Mukadumpha zonsezi, nyimbo ikhoza kuchotsedwa pa YouTube kapena ndalama zake zonse n'kupita kwa eni ake.

Vuto lachiwiri ndi la chilankhulo, ndipo ndi lokoma kulimbana nalo. Chifalansa chimatsamira pa silabo yomaliza ya mzere, ndiye liwu lalitali la nyimbo limagwera pamenepo. Chichewa chimakoka silabo yachiwiri kuchokera kumapeto: timati nsapaato, chimweemwe. Mukaika mawu athu pa chuni chawo osasintha kanthu, mudzayimba nsapatooo, ndipo aliyense adzamva kuti nyimboyi ndi yobwereka. Njira yake ndi kuika silabo yachiwiri kuchokera kumapeto pa liwu lalitalilo, kenako yomalizayo igwe mopepuka pa kaliwu kakafupi kowonjezera.

Mawu athu ndi aatalinso. Liwu la Chifalansa la nsapato lili ndi masilabo awiri, lathu atatu. La chimwemwe lili ndi awiri, pomwe chimwemwe ndi atatu ndipo chisangalalo ndi asanu. Mzere wa masilabo asanu ndi atatu umafuna 12 kapena 13 m'Chichewa. Musawapanikize. Werengani masilabo a mzere uliwonse, lembani nambala m'mphepete mwa pepala, sankhani chithunzi chimodzi chofunika mumzerewo, zotsalazo zitayeni. Kufananitsa mathero a mizere musakulimbikire, chifukwa mawu athu onse amathera pa a, e, i, o, u ndipo khutu lathu silikutenga ngati luso lalikulu. Limasangalala ndi kubwereza ndi kuyankhana. Samalaninso ndi nyengo. Nyimbo yake ya L'hymne au printemps imakondwerera kutha kwa miyezi ya chipale, pamene nthaka imaonekanso. Womvera wa ku Kasungu chimwemwe chimenecho amachidziwira pa mvula yoyamba. Kusintha kotere n'kololeka paluso, koma mukulembe poyera m'kalata yopempha chilolezo ija.

Ndiyambe ndi nyimbo ziti, ndipo anaikidwa kuti? (Namwino, London)

Mayi, yambani ndi zojambulidwa mu 1951, pamene ali yekha ndi gitala: Moi, mes souliers, Le p'tit bonheur, Bozo ndi Le train du nord. Mukatero mudumphe kufika pa Le tour de l'île ya 1975, yomwe ili ndi zoyimbira zambiri zokonzedwa ndi François Dompierre, mumve mmene mawu omwewo anakulira. Chimbale chake chomaliza cha nyimbo zatsopano, Mon fils, chinatuluka mu 1978. Ngati mumawerenga Chifalansa, buku la ubwana wake ku La Tuque ndi Pieds nus dans l'aube la 1946, limene mwana wake Francis Leclerc analisandutsa filimu mu 2017.

Anamwalira ali m'tulo pa 8 Ogasiti 1988, patangotha masiku asanu ndi limodzi atakwanitsa zaka 74, kunyumba kwake ku Saint-Pierre pachilumba cha Orléans. Chilumbachi chili pakati pa mtsinje wa Saint-Laurent, mumachifika powoloka mlatho kum'mawa kwa mzinda wa Québec, ndipo msewu wochizungulira ndi wa makilomita 67. Msewu waukulu wa nambala 40, wochokera ku Montréal kupita ku Québec, umatchedwa dzina lake. Ku Saint-Pierre kuli nyumba yosungiramo mbiri yake, Espace Félix-Leclerc, imene inatsegulidwa mu 2002 ndipo muli kachipinda koyimbiramo. Manda ali m'mudzi momwemo. Mukadzapitako mudzapeza nsapato zakale pamwala wake, zimene alendo amasiya pokumbukira nyimbo imene inamupatsa mphoto mu 1951. Nthawi yabwino yopitira ndi pakati pa Juni ndi Seputembala, chipale chisanayambe.